Mkaidi Amene Nkhani Zathu Zinamuiwala

Inu omvera athu a pa Lirangwe ndi midzi yozungulira, a ku Mdeka, a ku Lunzu ndi ku Matindi, kudzanso inu a ku Chileka konse,  lero mu pulogalamu yathu ya mabuku ndi nthano tikambirana za ndende monga momwe imaonekera m'mabuku, m'masewero ndi m'nkhani zimene timasimbirana pakhonde madzulo. Mutuwu ukukhudza mudzi uliwonse, chifukwa ambiri mwa ife sitinapondeko ku ndende ya Chichiri, ya Zomba kapena ya Maula, komabe aliyense ali ndi chithunzi cha ndende m'mutu mwake, ndipo anachitola m'nkhani za ena. Mfundo yanga lero ndi iyi: nkhani zathu kuno ku Malawi zimadziwa akaidi a mitundu iwiri yokha, chigawenga chimene chikukolola zimene chinafesa ndi ngwazi yomangidwa popanda mlandu. Munthu wamba amene wadzaza ndende zathu lero tinamusiya kunja, ndipo munthu amene sasimbidwa, boma ndi mudzi womwe sizichedwa kumuiwala.

Tiyambire ku nthano za makolo. Mukazifufuza bwinobwino simupezamo ndende. Kalulu akakana kukumba nawo chitsime, kenaka n'kumaba madzi mozemba, nyama zinzake zimamutchera, Kamba n'kumugwira, mlandu n'kukambidwa pabwalo pomwepo. Zili choncho chifukwa makolo athu ankaweruza mwa njira zina. Wolakwa ankalipa mbuzi kapena nkhuku, abale ake ankasonkherana dipo, wosamva ankapirikitsidwa m'mudzi, ndipo pa milandu ya ufiti panali mwavi. Zina mwa zilangozi zinali zankhanza zedi, tisabise, ndipo munthu ankatha kuperekedwa ukapolo chifukwa cha mlandu wa mbale wake. Koma nyumba yotsekeramo munthu kwa zaka zowerengedwa inadza ndi boma la atsamunda, limene linakhazikika kuno mu 1891, ndipo anthu ambiri anailawa chifukwa chongolephera kukhoma msonkho. Ndende yaikulu ya Zomba, imene ikugwirabe ntchito mpaka lero, inamangidwa mu 1935. Chofunika kuona apa n'chakuti chiweruzo cha pabwalo chinali ndi mathero odziwika: dipo likaperekedwa, mlandu watha, wolakwa uja abwerera pakati pa anzake ndipo adya nawo nsima pamaliro. Ndende inafika yopanda mwambo wotere. Inatiphunzitsa kumangitsa munthu, koma za kumulandira akabwerako sinatiuze kanthu.

M'nkhani zathu za makono za m'Chichewa, ndende inapeza malo ake kumapeto kwenikweni. Kumbukirani masewero a pawailesi, nkhani zazifupi za m'nyuzipepala ndi zisudzo za ana asukulu. Mnyamata wosamva makolo apita m'tauni, apalana ubwenzi ndi anzake oipa, ayamba chamba ndi umbava, apolisi amukwidzinga unyolo, woweruza agamula kuti akaseweze zaka zisanu ndi ziwiri akugwira ntchito ya kalavulagaga, oonera aomba m'manja, sewero lathera pomwepo. Wolemba salowa naye m'kati mnyamatayo. Sitimva za usiku wake woyamba, sitiona amayi ake akugulitsa nkhuku kuti apeze ya minibasi yokamuonera, sitiuzidwa kuti mwana wake wasiya sukulu kapena kuti mkazi wake wabwerera kwawo. Womvera amaphunzira chinthu chimodzi, chakuti munthu akalowa m'ndende mbiri yake yatha. Ndiye patapita zaka munthu uja akatsika minibasi pa Lirangwe ndi kajumbo m'manja, mudzi sudziwa chochita naye. Ganyu amumana, pamsonkhano salankhula, ndipo mbuzi ikasowa usiku, dzina loyamba kutchulidwa ndi lake. Khalidwe limeneli tinaliphunzira pang'onopang'ono, ndipo nkhani zathu zinathandizira kutiphunzitsa.

Mkaidi wachiwiri ndi ngwazi, ndipo nkhani yake inadzera pakhomo pathu pompano. Pa 6 July 1958 Dr Hastings Kamuzu Banda anatsika ndege pa Chileka kudzatsogolera nkhondo yothetsa chitaganya. Pa 3 March 1959 atsamunda anawagwira kunyumba kwawo ku Limbe, n'kuwakweza ndege pa Chileka pomwepo kupita nawo ku ndende ya Gwelo, imene lero timati Gweru, m'dziko la Zimbabwe. Ena anatsekeredwa ku Khami kufupi ndi Bulawayo, ena ku Kanjedza. Kamuzu anatuluka pa 1 April 1960, ndipo kuyambira pamenepo kumangidwa kunasanduka ulemu. Amene anamangidwapo ankanyadira zilembo za PG, kusonyeza kuti anamaliza maphunziro a kundende. Kwa zaka makumi atatu dziko lonse linamva za maloto a ku Gweru: kusamutsa likulu kupita ku Lilongwe, kumanga yunivesite, ndi kulambula msewu wa m'mbali mwa nyanja. M'nkhani imeneyi ndende ndi malo amene mtsogoleri amalotera tsogolo la mtundu. Koma boma lomwe linkasimba za Gweru ndi lomwenso linadzaza Dzaleka ndi Mikuyu, ndipo za ndende zimenezo kunalibe woyerekeza kutsegula pakamwa.

Amene anaswa bata limenelo ndi alembi, ndipo tiyenera kuwatchula mwaulemu. A Sam Mpasu anatulutsa buku lotchedwa Nobody's Friend, ndipo mu 1975 anamangidwa n'kukhala zaka zoposa ziwiri osaonekera kukhothi, nthawi yambiri ali ku Mikuyu. Zimene anaona anazilemba m'buku la Political Prisoner 3/75, limene dzina lake ndi nambala imene anapatsidwa. A Jack Mapanje, amene anali mkulu wa nthambi ya Chingerezi ku Chancellor College, anatulutsa ndakatulo za Of Chameleons and Gods mu 1981. Bukulo linachotsedwa m'masitolo ndi m'sukulu, ndipo pa 25 September 1987 apolisi anawagwira ku Zomba. Anakhala ku Mikuyu zaka zitatu, miyezi isanu ndi iwiri ndi masiku 16, popanda wowauza mlandu wawo, mpaka May 1991. Poti cholembera ndi pepala zinali zoletsedwa, ndakatulo zambiri ankazipeka ndi kuzisunga m'mutu, ndipo zinatuluka mu 1993 m'buku la The Chattering Wagtails of Mikuyu Prison. Mu 2011 anasimba nkhani yonse m'buku la And Crocodiles Are Hungry at Night. Mphamvu ya mabuku amenewa ili pa tinthu ting'onoting'ono: foya yovala akaidi, nyemba zofumbwa, chipikisheni cha usiku, timbalame tolira padenga la waya, ndi msilikali wa ndende amene anaika moyo wake pachiswe potulutsa timakalata mobisa. Owerenga amaona kuti ngakhale ovala yunifomu sanali a mtima umodzi. Amaonanso kuti chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe: a Focus Gwede, mkulu wa apolisi achinsinsi amene anatsekera anthu ambiri, nawonso anamangidwa mu 1976 pamodzi ndi a Albert Muwalo.

Mayi Vera Chirwa, loya woyamba wamkazi m'dziko muno, anatipatsa mbali ya amayi m'buku lawo la Fearless Fighter la 2007. Iwo ndi amuna awo a Orton Chirwa anagwidwa mu December 1981, bwalo la milandu la mafumu linawagamula kuti aphedwe mu 1983, kenaka chilango chinasinthidwa kukhala moyo wonse m'ndende. Ankasungidwa m'ndende imodzi ya Zomba koma kwa zaka zambiri osaonana. Anawaonetsana mu 1992, patangotsala milungu yochepa kuti a Orton amwalire m'ndendemo mu October chaka chomwecho. Mayi Chirwa anatuluka mu January 1993. Chimene chimandigwira mtima pa mayiwa n'chakuti sanaone ndende ngati nkhani ya andale okha. Pambuyo pake anakhala nthumwi yapadera yoyendera ndende m'maiko a mu Africa, kuyang'ana momwe akaidi wamba akukhalira.

Tsono apa ndi pamene pali mpata waukulu. Mabuku onsewa analembedwa ndi anthu ophunzira, m'Chingerezi, ndipo onse akunena za munthu wosalakwa. Womvera amakwiya chifukwa wozunzikayo sanapalamule. Mosazindikira amavomereza kuti akanakhala kuti anapalamula, nsikidzi, njala ndi zikoti zikanakhala zomuyenera. Maulaliki athu nawonso amayenda njira yomweyi: timakonda Yosefe, Yeremiya, Paulo ndi Sila, onse omangidwa popanda chifukwa, ndipo sitikhalitsa pa wachifwamba wopachikidwa pambali pa Yesu, amene anavomera yekha kuti chilango chake chinali choyenera. Koma mbiri ya dziko lathu ili ndi tsamba lina. Mu 1992 bungwe la Amnesty International linafotokoza za ndondomeko yolangira akaidi otchedwa osamva ku Nsanje ndi ku Dzaleka, kumene anthu omangidwa pa milandu wamba monga kuba ankamangidwa maunyolo ali maliseche, kumenyedwa ndi kumanidwa chakudya, ena mpaka kufa. Anthu amenewa anazunzika koopsa, koma maina awo sali pamsewu uliwonse, ndipo palibe tsiku lowakumbukira. Analibe anzawo ku London owalembera makalata. A Legson Kayira ndiwo anayesa kuyang'ana kwa munthu wa kumudzi m'buku lawo la The Detainee la 1974, momwe bambo wina wotchedwa Napolo anyamuka ulendo wokafuna chithandizo cha kuchipatala n'kugwa m'manja mwa anyamata a chipani. Koma nayenso Napolo ndi wosalakwa.

Nanga m'ndende zathu lero muli yani? Muli akupha ndi ogwirira, n'zoona. Mulinso mnyamata woba mbuzi, mayi womenyana ndi mnzake pamjigo, bambo wogwidwa ndi matumba a makala panjinga pamsewu wa M1 uwu umene timauona tsiku ndi tsiku, amene analephera kulipira chindapusa chimene wandalama akanalipira tsiku lomwelo. Muli a limandi, amene khothi silinawapeze olakwa, ena akudikira miyezi kapena zaka chifukwa failo yasowa, mboni sizikubwera kapena alibe wowaimira pa belo. Malamulo aakulu a dziko lino amati womangidwa aonekere kukhothi pasanathe maola 48, ndipo amati mkaidi aliyense asungidwe mosunga ulemu wake monga munthu. Mu 2009, pa mlandu umene mkaidi Gable Masangano anasumira boma m'malo mwa akaidi onse, khothi linagamula kuti kuthithikana kwa m'ndende zathu ndi nkhanza zosemphana ndi malamulo, ndipo linapatsa boma miyezi 18 kuti lichepetse kuthithikanako ndi theka. Patapita zaka zambiri, malipoti a oyendera ndende anapitiriza kunena kuti akaidi ndi ochuluka kuposa kawiri malo amene alipo. Mu 2017 khothi lalikulu linathetsa ndime ya lamulo la vakabu pa mlandu wa Mayeso Gwanda, wogulitsa majumbo amene anagwidwa m'mbandakucha akupita kukagulitsa malonda ake ku Limbe. Taganizani kuti ndi anthu angati anagona m'chitokosi chifukwa cha lamulo limenelo zaka zonse lisanathe. Aliyense wa iwo ali ndi nkhani, ndipo pafupifupi zonse sizinalembedwe.

Ndikudziwa kuti wina akumvetsera kumeneko mtima ukuwawa, ndipo akuti: inu mukufuna tizimvera chisoni mbava, nanga ine amene anandithyolera nyumba, kunditengera feteleza yense, ana anga n'kugona ndi njala chaka chonse, wandilembera buku ndani? Funso limeneli ndi lolemera ndipo sindilipeputsa. Nkhani imene ingasandutse wakuba kukhala woyera, n'kuiwala mayi amene anaberedwa, ndi yabodza ngati ija yothera pa unyolo. Chimene ndikupempha ndi nkhani yathunthu, yokhala ndi woberedwa ndi wakuba yemwe, ndi abale a onse awiri, amene kawirikawiri amatunga madzi pamjigo umodzi. Komanso woberedwayo aganizire zake zomwe. Woba feteleza sakhala m'ndende moyo wonse. Adzatuluka, ndipo adzabwerera kumudzi komweko. Ngati wakhala zaka zitatu akugona chokhala, miyendo ya mnzake ili m'nthiti, akudya kamodzi patsiku nsima ya mgaiwa ndi nandolo, akugula malo ogona kwa nyapala, ndipo potuluka wapeza mudzi wamutsekera zitseko zonse, kodi nkhokwe ya mayi uja yatetezeka? Kufunsa za moyo wa mkaidi n'kufunsanso za chitetezo cha mudzi. Tisaiwalenso kuti malire a pakati pa ngwazi ndi wopalamula sakhala oongoka nthawi zonse. A Mpasu omwe aja, atakhala nduna ya maphunziro ndi sipikala wa nyumba ya malamulo, anamangidwanso mu 2008 khothi litawapeza olakwa pa nkhani yogula makope a sukulu. Munthu mmodzi analowa m'ndende kawiri, pa zifukwa zosiyana kotheratu, ndipo ulendo wachiwiriwo sukufafaniza choona cha buku lake.

Wina anganene kuti nkhani zoopseza ndi zimene zimaweta ana, ndipo mukaonetsa mkaidi ngati munthu, mantha atha. Koma nkhani yothera pa chigamulo cha woweruza sioopsa kwenikweni, chifukwa mwana saona chimene chili kuseri kwa chipata. Choopsa ndi chimene wolemba amachidumpha: chifuwa chachikulu ndi mphere, kumva kuti amayi ako anamwalira mwezi watha ndipo anaikidwa iwe kulibe, kupeza mwana wako sakukudziwa. Wofuna kuchenjeza achinyamata apeza chenjezo lamphamvu m'nkhani yoona kusiyana ndi m'nkhani yodula. Ku Kenya, John Kiriamiti, amene ankathyola mabanki ndi mfuti, analemba My Life in Crime ali m'ndende ya Naivasha, ndipo bukulo litatuluka mu 1984 achinyamata analiwerenga mwaunyinji. Ena analidzudzula kuti likukometsera umbava, ndipo chidzudzulo chimenecho wolemba aliyense achisunge m'mutu. Komabe linasonyeza kuti wopalamula akhoza kusimba yekha njira imene inamufikitsa kumeneko, ndipo anthu amamvetsera.

Chitsutso chachitatu ndi cha anthu okonda zogwirika. Iwo amati ndende zikufuna ndalama, zipinda zatsopano, chimanga ndi mankhwala, ndakatulo sizidyetsa munthu. N'zoona kuti sizidyetsa. Koma ndalama za boma zimapita kumene anthu akulira, ndipo anthu salirira munthu amene sakumuona. Phungu amadziwa kuti akalonjeza mlatho aomberedwa m'manja, akalonjeza mabulangete a akaidi afunsidwa ngati wasowa chochita. Maganizo amenewo amasintha ndi nkhani. A Mapanje anatuluka chifukwa alembi ndi mabungwe a kunja, amene anawerenga ndakatulo zawo, sanaleke kufunsa za iwo. Ku Russia, Fyodor Dostoevsky anakhala zaka zinayi m'ndende ya ku Siberia pamodzi ndi akupha ndi akuba, ndipo buku limene analemba atatuluka linaonetsa anthu a kwawo kwa nthawi yoyamba nkhope za anthu amene ankangowatcha zigawenga. Umboni wapafupi tili nawo konkuno. Mu 2013 Ian Brennan ndi Marilena Delli anajambula nyimbo za akaidi aamuna ndi aakazi a ku Zomba, pamodzi ndi asilikali ena a ndende. Chimbale chake, I Have No Everything Here, chinalowa m'gulu lopikisana pa mphotho ya Grammy ya 2016, koyamba m'mbiri ya Malawi. Sichinapambane, koma dziko lonse lapansi linamva akaidi wamba, ena a milandu ikuluikulu, akuimba okha za moyo wawo, nyimbo zambiri m'Chichewa. Zimandipweteka kuti panafunika alendo kuti ife timve mawu a abale athu amene ali pa Zomba pomwepa.

Izi zikutifikitsa pa chilankhulo. Ngugi wa Thiong'o atatsekeredwa ku ndende ya Kamiti kumapeto kwa 1977, analemba buku lake pa pepala la kuchimbudzi, ndipo anasankha kulilemba m'Chikikuyu kuti anthu a kumudzi kwawo alimve. Kuno mabuku athu otchuka onena za ndende ali m'Chingerezi, ambiri anasindikizidwa kunja, ndipo kuwapeza m'sukulu za kumudzi n'kovuta. Agogo amene mwana wawo anafera ku Nsanje sangawawerenge. Ndikupempha osindikiza mabuku ndi a zamaphunziro kuti mabuku a Mapanje, a Mpasu ndi a mayi Chirwa amasuliridwe m'Chichewa, chifukwa mwana wobadwa pambuyo pa 1994 akuyenera kudziwa chimene chinkachitika ku Mikuyu. Koma kumasulira kokha sikukwanira, pakufunika nkhani zatsopano.

Choncho inu aphunzitsi a Chichewa ku Lirangwe, ku Lunzu ndi ku Chileka, mukapatsa ana ntchito yopeka nkhani, auzeni ayambire pamene ena amathera, tsiku la chigamulo kapena tsiku lotuluka. Inu a magulu a zisudzo, tionetseni mayi ali pamzere pachipata cha Chichiri ndi kadengu ka chakudya, tionetseninso nyakwawa ikuganiza chochita ndi munthu amene wabwerako pomwe amene anamulakwira ali pabwalo pomwepo. Musapeke za m'kati mwa ndende kuchokera m'mafilimu a kunja, pitani mukafunse amene anagonamo, ndipo mubise maina awo ngati iwo afuna tero. Inu abusa ndi mashehe, perekani mpata kwa otuluka kundende kuti alankhule pamaso pa mpingo. Ndipo inu amene munasewezapo jele, kaya munalakwadi kaya anakunamizirani, ngati kulemba kumakuvutani pezani mdzukulu alembe inu mukusimba, ndipo musimbe zonse, zimene anakuchitani ndi zimene munachita.